Chitedze m'diresi la Tereza

Uthenga unandipeza ndili pabwalo, ndikuyanika mpunga pamkeka, nkhuku ndikuziingitsa ndi phazi. Foni inalira pamfundo ya chitenje. Nditamasula ndinamva mawu a mdzukulu wanga Tiyamike, mwana wa Sofiya, uja anapita kunja kukaphunzira za makina n'kukhazikika komweko.

"Agogo, mwakhala pansi?"

"Ndaima. Lankhula, miyendo ikadali yanga."

"Mumzinda muno akumba njanji pansi pa nthaka. Mwezi wamawa akuitsegulira. Kudzabwera akuluakulu, adzadula riboni, ndipo sitima yoyamba tsiku limenelo ndidzayendetsa ndine."

"Pansi pa nthaka? Mwanawe, kwathu kuno munthu akalowa pansi timasonkha ufa ndi nkhuni."

"Awa amalowa amoyo, agogo, n'kukatulukira kwina amoyo."

"Ngati mbewa yothawa wokumba?"

Anaseka mpaka foni inatsamwa. Ine ndinaimba nthungululu, nkhuku zinalowa mumpunga, ndinati idyani, lero n'lanu. Mwana wa mwana wanga wakhala kumutu kwa sitima. Mwana amene ndinamutafunira mbatata, amene ankaopa ngolo ya ng'ombe, wakhala kumutu kwa sitima, akuluakulu onse kumbuyo kwake.

Koma ndinene zoona. Nthungululu isanathe pakamwa, mumtima munali mutabwera kale mawu ena, mawu aang'ono akuthwa: Tereza amve. Amve, zimuwawe. Ine nkhalamba ya imvi mutu wonse, ya mano owerengeka, chimwemwe changa choyamba ndinafuna kukachisandutsa minga ya m'bale wanga. Ndinakhala pansi pambali pa mpungawo, ndipo ndinakumbukira sitima ina.

Ndinali ndi zaka khumi. Mudzi wathu uli pakati pa Golomoti ndi Mtakataka, pamene njanji imadutsa m'malambe. Tereza ndi mwana wa amayi anga aang'ono. Tinabadwa mvula imodzi, ine kutsogolo ndi masabata atatu, ndipo masabata atatuwo ndinkawasenza ngati ufumu. Mphasa inali imodzi, mbale imodzi, ngakhale nsabwe zathu zinkayenderana.

Masiku amenewo sitima inkadutsa kwathu osaima. Tinkagoneka khutu panjanji yotentha kuti tiimve ikadali kutali, ndipo ikafika tinkathamanga m'mbali mwake, tikukweza manja kwa anthu osatidziwa. Ikapita tinkatsala ndi mkangano. Anthu a m'katimo amaona chiyani pawindo? Ena ankati mitengo imathamanga chobwerera m'mbuyo. Tereza ankati limenelo ndi bodza, mtengo uli ndi mizu. Ine ndinkati mapiri a ku Dedza amayenda nawe limodzi ngati akukuperekeza. Panalibe wotiweruza, chifukwa mwa ana onse a m'mudzi panalibe anakwerapo. Tinapangana awiri kuti woyamba kukwera adzauze mnzake zonse, osasiya ngakhale mbuzi ya m'njira.

Chaka chimenecho anatimangira kasiteshoni: nyumba ya njerwa, denga la malata, mabenchi awiri. Anati sitima iyamba kuima. Tsiku lina aphunzitsi athu analowa m'kalasi atavala tayi, ngakhale kunali kotentha koti buluzi ankabisala.

"Pa tsiku lotsegulira siteshoni," anatero, "mwana mmodzi adzanyamula sizasi m'lichero. Adzagwada pamaso pa mlendo wamkulu mpaka nthawi yodula riboni. Akatero adzakwera sitima pamodzi ndi alendo mpaka siteshoni yotsatira, n'kubwerako."

Ine ndinadziwa kuti ndine. Ankayambitsa nyimbo kusukulu ndani? Kutchalitchi ndani? Kumtondo, amayi akatopa kusinja, ankaitana ndani kuti awadzutsire minsi? Ndinali nditaimirira kale.

"Velonika, iwe uli ndi mawu, udzatsogolera nyimbo. Tereza ali ndi bata, adzanyamula lichero."

"Aphunzitsi, bata ndili nalonso."

"Lili kuti? Taona, ukulankhula utaima ndi mwendo umodzi ngati kakowa."

Kalasi yonse inaseka. Tereza anaseka nawo, dzanja lili pakamwa, ndipo kuseka kwakeko ndinakusunga.

Kuyambira tsiku limenelo pakhomo pathu panali mwana mmodzi, dzina lake Tereza. Amayi a m'mudzi anasonkherana, n'kupita naye kwa telala ku Mtakataka. Amene anamugwira dzanja pa ulendowo anali amayi anga enieni, ondibereka ine. Anabwera ndi diresi loyera, la kolala yozungulira, la lamba womanga kumbuyo. Ine diresi langa linali lija la chaka chatha, la chigamba pamatako.

Tereza anamuletsa kupita kunkhuni kuti minga ingamukande miyendo. Anamuletsa kuchitsime kuti khosi lingamupweteke. Nkhuni zake ndinatola ndine, madzi ake ndinatunga ndine. Ndikamabwera ndi ndowa yachiwiri ndinkamupeza pabwalo atagwada, lichero m'manja, m'licheromo muli chikho chodzaza madzi, amayi aang'ono akumuwerengera kuti aone ngati angataye dontho. Sankataya. Ankamudzoza mafuta a nsatsi mpaka zigongono kuwala. Anthu odutsa ankaima pampanda n'kumati, "Ndi ameneyu mwana wokwera sitima?" Ine ndili pomwepo, ndowa pamutu, madzi akunditsikira m'khosi, palibe wondifunsa kuti nanga iwe ndiwe wa yani.

Chinandimaliza ndi mawu a Tereza mwini. Tinkadya mbatata kuseri kwa nkhokwe, iye n'kunena mokoma mtima, ndipo kukoma mtimako ndiye kunawawa:

"Ukaime pafupi ndi mlambe wa pasiteshoni, kuti ndikakuone bwino pokukwezera dzanja."

Kunali chilimwe, chitedze chitakhwima m'mbali mwa khwawa, nyemba zake zili lende, ubweya uli ngwee padzuwa. Aliyense wa kwathu amadziwa kuti kaubweya kamodzi kakakugwa pakhungu umakanda mpaka kutuluka magazi. Kutatsala tsiku limodzi, masana, akazi onse anapita kukasesa kusiteshoni. Diresi anali atalisita ndi simbi ya makala n'kulikoloweka pansungwi m'nyumba mwa amayi aang'ono. Ine ndinatsikira kukhwawa ndi khoko la chimanga ndi kamtengo. Ndinapala ubweyawo pang'onopang'ono, nkhope nditayang'ana kumbali. Kamphepo kanandiwaza pang'ono m'zala, ndinati izi n'zochepa. Ndinalowa m'nyumba, ndinathira m'kolala, ndinathira m'khwapa, ndinathira pamsoko wa m'chiuno, n'kulikolowekanso monga ndinalipezera.

Nzeru zanga zinali zotere: m'mawa adzamuveka pakhomo, adzakuwa, adzavula, akuluakulu adzasowa chochita, adzayang'ana uku ndi uku kufuna mwana wina wa msinkhu womwewo. Ndipo mwana wa msinkhu womwewo ndani?

Chimene sindinadziwe n'chakuti amayi aang'ono ankaopa fumbi. Diresi analipinda m'nsalu, n'kulisenza okha mpaka kusiteshoni. Tereza anayenda ulendo wonse ndi zovala zake zakale. Anakamuvekera kuseri kwa nyumba ya njerwa ija, sitima italira kale kumalambe, anamumanga lamba mothamanga, anamupatsa lichero, n'kumukankhira kutsogolo.

Sitima inafika itavekedwa masamba a kanjedza kumutu. Ng'oma zinalira, fumbi linakwera. Anatsika mlendo wamkulu wa suti yakuda, thukuta likumuyenderera m'masaya, ndi anzake ambiri onyamula mapepala. Riboni yofiira inamangidwa pakhomo la siteshoni. Tereza anagwada pamkeka patsogolo pa onse, lichero atalikweza pachifuwa, sizasi ili pakansalu koyera.

Ndiye anayamba malankhulidwe. Analankhula woyamba, anakhala. Analankhula wachiwiri, wa Chingerezi, womasulira n'kubwereza zonse. Pakati pa wolankhula ndi wolankhula tinkaimba ife, ine kutsogolo. Maso anga sanali pa mlendo, sanali pa sitima. Anali pakhosi pa Tereza.

Ndinaona phewa lake likunjenjemera. Ndinaona zala za kumapazi zikukumba mkeka. Ndinaona khosi likuyamba kutupa m'mphepete mwa kolala. Mumtima ndinkati kanda, kanda tsopano, ponya lichero. Misozi inayamba kutsika, inafika pachibwano, inagwera pa diresi. Manja sanasunthe. Sizasi sinagwedezeke.

"Taonani mwana akulira ndi chimwemwe," anatero mayi wina kumbuyo kwanga.

Ndinaimba tsiku limenelo. Mawu anatuluka ngati si anga, anakwera pamwamba pa ng'oma, akazi anavomera mpaka mlendo anagwedeza mutu. Kwathu woyambitsa nyimbo amatchula mayina a olemekezeka mmodzimmodzi, gulu n'kumavomera. Ndinatchula mlendo, ndinatchula aphunzitsi, ndinatchula omanga nyumba, ngakhale woyendetsa sitima amene dzina lake sindinkalidziwa ndinamutchula ndi chipewa chake. Amayi anga anandigwira paphewa.

"Mutchule m'bale wako."

Ndinamutchula. Tereza wathu wanyamula, Tereza wathu wagwada, Tereza wathu akwera lero. Mudzi wonse unavomera dzina lake kuchokera pakamwa panga. Apo n'kuti zala zanga zitayaka moto. Pakati pa kuwomba m'manja ndinkakanda, kuwomba, kukanda, kuwomba, kukhuza pantchafu. Amayi anayang'ana zala zanga. Anayang'ana khosi la Tereza. Anayang'ananso zala zanga. Anangochotsa dzanja lawo paphewa panga.

Mlendo anatenga sizasi, riboni inagwa mbali ziwiri, nthungululu zinang'amba mlengalenga. Tereza anadzuka, anayenda kupita kusitima ngati wasenza mtsuko wodzaza. Pa chitsulo chokwererapo anaima. Mtima wanga unati ndi pano, akana, aitana ine. Anakweza mwendo, n'kukwera. Ine ndinali nditaima pamlambe paja. Mawindo anadutsa onse, limodzilimodzi, ndipo dzanja lake sindinalione.

Sitima inabwerera dzuwa litapendeka. Ana tonse tinali pasiteshoni, aliyense ndi funso lake. Tereza anatsika atakulungidwa chitenje cha mayi wina wa m'sitimamo, diresi lili m'manja atalipinda ngati chinthu chakufa. Khosi, mapewa, msana, zonse zinali mikwingwirima yotupa.

"Mitengo imathamangadi?" anafunsa wina.

"Sindinaone."

"Nanga mapiri?"

"Sindinaone kanthu. Ndinakhala pansi pakati pa mipando, ndikukhuza msana kuchitsulo. Popita ndi pobwera pomwe."

Ana anabalalika mmodzimmodzi, ngati anthu obwera kumaliro n'kupeza aika kale.

Kunyumba ndinkayembekezera ndodo, ndipo ndodo ikanandipepukira. Amayi anandiitanira pakhonde, amayi aang'ono ali pomwepo.

"Tambasula manja."

Ndinatambasula. Zala zinali zotupa ngati nthochi.

"Ndinagwera m'tchire potola nkhuni."

"Tchire limenelo lili ndi kolala?"

Amayi anandipatsa phale la phulusa ndi kabotolo ka mafuta. Tereza anagona chafufumimba pamphasa, ndipo anandiuza kuti ndimupake msana wonse ndi manja anga omwewo, phulusa kaye, kenaka madzi, kenaka mafuta. Khungu lake linali lotentha ngati mwala wa padzuwa. Ndinkapaka ndikulira. Patapita nthawi Tereza analankhula, nkhope ili pamphasa.

"Ndinadziwa kuti ndiwe."

"Unadziwira chiyani?"

"Sunaimbepo bwino chonchija."

Ndinapitiriza kupaka. Koma funso linandikanika kumeza.

"Nanga bwanji sunakande?"

"Kuti ukwere iwe?"

Amayi aang'ono, amene mwana wawo ndinamuchita zimenezi, sanandikalipire. Ankasenda chinangwa, maso ali pampeni.

"Mpando unali umodzi, mwanawe," anatero, "koma nkhani ikanakwanira mudzi wonse. Uyu akanaona ndi maso, iwe n'kuziika m'nyimbo, tonse tikanakwera. Taona tsopano. Sitima yapita ndi mwana wathu, yabwera naye, ndipo pakhomo pano palibe wodziwa ngati mitengo imathamanga."

M'mawa mwake ananditumiza kumtsinje ndekha kukachapa diresi lija ndi manja, ubweya ukadali m'misoko. Ndinachapa, ndinakanda, ndinachapa. Tereza anasamukira pamphasa ina, ndipo sanandilankhule mpaka mvula yoyamba. Sitima ndinadzakwera ndili mayi, Sofiya ali kumsana, ulendo wa ku Salima. Mitengo inkathamangadi chobwerera. Mapiri ankandiperekezadi. Ndinatembenuka kuti ndiuze munthu, pambali panga panali bambo wachilendo atagona ndi nkhuku pamiyendo.

Mungaganize kuti phulusa lija linandichiritsa. Ayi. Tereza anakwatiwa ndi kalaliki, ine ndi mlimi wa thonje, zinandiyabwa. Malata anayamba kufolera ndi iye, zinandiyabwa. Pa ukwati wa mwana wake ndinaimba nthungululu ya pakamwa pokha. Chimene ndinaleka ndi kupita kukhwawa, basi.

Tsono tsiku la foni lija ndinadzuka pambali pa mpunga, ndinatenga ndodo yanga, ulendo kwa Tereza, kutsidya kwa njanji. Ndinkadziuza kuti ndikupita kukamuuza monga m'bale. Koma miyendo inkadziwa zina, inkafulumira kuposa masiku onse. Ndinamupeza pakhonde akuswa mtedza.

"Amake Sofiya, mukuyenda ngati mkwatibwi. Kwagwanji?"

Ndinamuuza zonse, riboni, akuluakulu, sitima yoyamba, ndipo ndinaonjezerako mchere pang'ono. Ndikulankhula, maso anga anali pankhope pake, monga anali pakhosi pake kale lija. Tereza adzukulu ake onse ali pamudzi pompano. Wina amapalasa kabaza pa Mtakataka, wina amagulitsa tomato pamsewu. Tereza anasiya kuswa mtedza. Anayang'ana m'lichero la mtedzawo.

"Mwati pansi pa nthaka?"

"Pansi penipeni."

"Ndiye kuti nayenso pawindo sadzaona kanthu. Ndi za pamtundu pathu zimenezi."

Ndinaseka mpaka ndodo inagwa. Iye anaseka nawo, koma kuseka kwake kunatha msanga.

"Zikundiyabwa, Velonika," anatero. "Usaganize kuti sizikundiyabwa. Anga ali padzuwa ndi njinga, wako akudulirana riboni ndi akuluakulu. Zandifika mpaka m'khosi." Anakutumula makoko pachitenje. "Tanditengera chitenje chatsopano chili pachingwecho. Ndikavine kwanu."

Ndinamutengera. Anachimanga m'chiuno, n'kutenga ndodo yake.

Zaka zonsezi ndinkaganiza kuti anthu alipo a mitundu iwiri, ansanje ngati ine ndi oyera mtima ngati Tereza, ndipo kuyera mtima kwakeko ndinkamuchitira nakonso nsanje. Lero ndikudziwa kuti chimayabwa tonse. Palibe khungu limene chitedze chimaliopa. Kusiyana kuli pa manja: wina amakanda mpaka kugwetsa za mudzi wonse, wina amagwira lichero mpaka riboni idulidwe. Ndipo chabwino chikagwera wa kwanu, gawo lako lilimo kale, bola uchilole chifike chamoyo. Ine gawo langa la sitima yoyamba ija ndinaliwotcha ndekha ndi khoko la chimanga. La sitima iyi Tereza sanafune kuwotcha lake, ndipo ine ndinachita manyazi ndi liwiro limene ndinabwera nalo.

Tinawoloka njanji awiri, ndodo ziwiri, iye kutsogolo. Nthungululu anayambira panjanji pomwepo, ndipo anthu anatuluka m'nyumba kufunsa kuti wabadwa ndani. Pofika pakhomo panga mpunga unali utatha theka, nkhuku zili mimba tolo. Tinayala mikeka pansi pa mango. Nyimbo ndinayambitsa ndine, ndipo ndinatchula onse, monga timachitira kwathu.

Anabwera anaBanda a kuchigayo, ufa uli m'nsidze. Anabwera anaPhiri ndi mpongozi wawo Lusiya, mwana ali kubere. Anabwera aDamiyano osoka mphasa, singano ikadali m'manja. Anabwera Sofiya wanga, make Tiyamike, akulira ngati wamenyedwa. Anabwera amake Fatuma a kumsika ndi mbale ya zitumbuwa. Anabwera aKilemensi akwaya, anaNkhoma awiri, wamtali ndi wamfupi, Agata wogontha amene anavina osamva chifukwa chake, aBonifasi ndi njinga yawo yopanda mabuleki. Anabwera Yohane wa kabaza, mdzukulu wa Tereza, atasiya makasitomala pamsewu, ndi mlongo wake Marita atanyamula tomato wosagulitsa kuti tiphikire ndiwo. Ndipo pakati pa bwalo, chitenje chatsopano m'chiuno, fumbi mpaka m'mawondo, Tereza, mwana wa amayi aang'ono, wamng'ono kwa ine ndi masabata atatu. Ameneyu ndinamutchula popanda wondigwira paphewa.